Kabuku ka fedulo wa ku Nigeria: momwe ntchito ikuyendera

Sabata yoyamba ya Januwale

Tayamba kulemba kabuku ka m'Chichewa kofotokoza mbiri ya ulamuliro wa fedulo (wogawana mphamvu pakati pa boma lalikulu ndi maboma a zigawo) ku Nigeria, koti magulu a achinyamata ndi makalabu omvera wayilesi azigwiritsa ntchito pokambirana. Ine ndikulemba, mnzanga wina akujambula mamapu ndi matebulo, ndipo aphunzitsi ena opuma pantchito, omwe ankaphunzitsa mbiri ku sekondale, akumawerenga mutu uliwonse ndisanaupititse.

Chidatikankha n'chakuti kuchokera pa chisankho cha 2014, nkhani ya fedulo kuno kwathu imangobwerabwera, koma ambiri oikamba, kaya akuivomera kaya akuikana, satchula ngakhale dziko limodzi lomwe lidayendapo njira imeneyi. Achikulire akaimva amakumbuka Chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland cha 1953 mpaka 1963, ndipo mkwiyo wawo ngomveka. Komatu chija chidali china: mayiko atatu omangidwa pamodzi mokakamiza kuti apindule ndi azungu a ku Salisbury. Tasankha Nigeria chifukwa yakhala ndi fedulo kuyambira 1954, yamusintha kambirimbiri, yakhetsa magazi chifukwa cha iye, ndipo mpaka lero eni ake sadagwirizanebe.

Mutu woyamba watha. Pa 1 Januwale 1914, bwanamkubwa Frederick Lugard adaphatikiza madera awiri omwe Angerezi ankawalamula padera, la kumpoto ndi la kummwera. Chachikulu chidali ndalama. Kumpoto kudalibe doko ndipo boma la kumeneko linkadalira thandizo la ku London, pomwe kummwera msonkho wa katundu wolowa pamadoko unkakwana n'kutsala. Aphunzitsi andikumbutsa kuti Lugard yemweyu adafikapo kuno: adavulazidwa ku Karonga mu 1888 pomenyana ndi Mlozi. Tagwirizana kuti zimenezi zilowe m'kabuku, owerenga aone kuti mbiri imeneyi si yakutali kwenikweni.

Mu 1939 kummwera kudagawidwa pawiri, kummawa ndi kumadzulo, ndipo malamulo oyendetsera dziko a Richards a 1946 adakhazikitsa zigawo zitatu. Koma chaka chomwe ndachipatsa masamba ambiri ndi 1953. Anthony Enahoro, phungu wa kumadzulo, adapempha m'Nyumba ya Malamulo kuti dziko lidzilamulire pofika 1956. Aphungu a kumpoto adakana. Kwawo sukulu zidali zochepa, ndipo ankaopa kuti Angerezi akachoka msanga, maofesi onse adzadzaza a kummwera. Anthu a ku Lagos, likulu la nthawiyo, adawanyoza m'misewu, ndipo mu Meyi chaka chomwecho ku Kano kudabuka ziwawa anthu n'kufa. Malamulo a Lyttelton a 1954, omwe adabweretsa fedulo, adabadwa m'mantha amenewa. Aliyense ankafuna kuti mnzake asamulowere m'nyumba.

Kumapeto kwa Januwale

A ku Nigeria omwe lero amafuula kuti akufuna "fedulo weniweni" amaloza zaka za zigawo zitatu, choncho mutu wachiwiri ndaulemba modekha.

Chigawo chilichonse chidali ndi nduna yaikulu yake, nyumba ya malamulo yake, antchito a boma ake, ndipo koposa zonse chidali ndi mbewu yake. Kumpoto kudali mtedza ndi thonje, ndipo zithunzi zakale zimaonetsa milu italiitali ya matumba a mtedza ku Kano. Kumadzulo kudali koko, kummawa mafuta a kanjedza. Kuyambira 1954 mabungwe ogula mbewu adali m'manja mwa zigawo, ndiye phindu linkatsala komweko. Obafemi Awolowo adayambitsa maphunziro a pulayimale aulere kumadzulo mu 1955, n'kutsegula wayilesi ya kanema ku Ibadan mu 1959. Kummawa kwa Nnamdi Azikiwe adatsegula yunivesite ku Nsukka mu 1960, ndipo pofika 1962 kumpoto kwa Ahmadu Bello kudali yake ku Zaria, kumadzulo ya Ife. Zigawo zinkapikisana pomanga, ndipo ana a anthu wamba adapindula. Izi ndazilemba momasuka chifukwa nzoona.

Koma sindikufuna kuti wowerenga athere pamenepo. Chigawo cha kumpoto chidali chachikulu kuposa ziwiri zinazo kuziphatikiza. Pa chisankho cha 1959, pa mipando 312 ya aphungu, 174 idali ya kumpoto. Wopambana kumpoto yekha ankatha kulamula dziko lonse, ndipo zipani zitatu zikuluzikulu zidali ndi kwawo: NPC kumpoto pakati pa Ahausa ndi Afulani, Action Group kumadzulo pakati pa Ayoruba, NCNC kummawa pakati pa Aigbo. N'chifukwa chake kalembera wa anthu adasanduka nkhondo. Wa 1962 adathetsedwa, wa 1963 a kummawa adamukana.

Palinso anthu omwe amaiwalidwa pa nkhani ya zigawo zitatu. M'chigawo chilichonse mudali mitundu ing'onoing'ono yomwe inkaopa mtundu waukulu wa kwawo kuposa momwe inkaopera boma la ku Lagos: Ativ kumpoto, Aijaw, Aibibio ndi Aefik kummawa, Aedo ndi Aurhobo kumadzulo. Komiti ya Willink idamva madandaulo awo, koma mu 1958 idati zigawo zatsopano zisapangidwe, m'malo mwake ufulu wachibadwidwe ulembedwe m'malamulo. Chigawo chachinayi, Mid-West, chidabadwa mu 1963, m'chaka chachitatu dziko litalandira ufulu pa 1 Okutobala 1960. Chidadulidwa kumadzulo, komwe kudali chipani chotsutsa boma. Zipani zolamula sizidadule zigawo zawo.

Aphunzitsi atawerenga adati: "Mwana wanga, apa ndiye pali phunziro lathu. Munthu akamati chigawo chidzilamulire, mufunseni kuti m'chigawomo wamng'ono ndani." Mawu amenewa ndawasandutsa funso la kumapeto kwa mutu.

Febuluwale

Mutu wa nkhondo wandilemera. Ndimaulemba pang'ono n'kuusiya.

Pa 15 Januwale 1966 asilikali achinyamata adapha nduna yaikulu ya dziko Abubakar Tafawa Balewa, Ahmadu Bello wa kumpoto, Samuel Akintola wa kumadzulo ndi ena. Ambiri mwa asilikaliwo adali Aigbo, ndipo yemwe adatenga boma, Johnson Aguiyi-Ironsi, adalinso Muigbo. Pa 24 Meyi adatulutsa lamulo nambala 34 lothetsa fedulo: zigawo zithe, antchito a boma akhale gulu limodzi. Iye ankati akulunzanitsa dziko. Kumpoto adamva kuti chomwe ankaopa mu 1953 chafika. Patangopita masiku ochepa Aigbo okhala m'mizinda ya kumpoto adayamba kuphedwa. Pa 29 Julayi asilikali a kumpoto adamupha Ironsi, Yakubu Gowon n'kutenga boma ndi kubwezeretsa zigawo. Mu Seputembala ndi Okutobala kuphana kudakula, anthu zikwizikwi adafa, ndipo unyinji wa Aigbo udathawira kummawa.

Ndaikira mtima pa lamulo nambala 34 chifukwa limaonetsa mbali yomwe okana fedulo safuna kuiona. Kufafaniza zigawo ndi cholembera sikudachotse mantha a anthu, kudawakolezera.

Mu Januwale 1967 Gowon ndi Odumegwu Ojukwu, yemwe ankalamula kummawa, adakumana ku Aburi m'dziko la Ghana. Adagwirizana, koma atabwerera kwawo aliyense adamasulira pangano mwa njira yake. Ojukwu ankati adagwirizana kuti zigawo zikhale pafupifupi zodziimira, a ku Lagos ankati ayi. Pa 27 Meyi Gowon adagawa dziko m'masiteti (zigawo zocheperapo) 12: asanu ndi limodzi kumpoto, atatu kummawa, ndi Western, Mid-West komanso Lagos. Pa 30 Meyi Ojukwu adalengeza dziko la Biafra. Nkhondo idayamba mu Julayi 1967 n'kutha mu Januwale 1970. Olemba mbiri ambiri amati anthu oposa miliyoni imodzi adafa, ochuluka ndi njala, ndipo ambiri adali ana.

Masiteti 12 aja adachita zinthu ziwiri nthawi imodzi, ndipo zonse ziwiri ndazilemba. Adayankha pempho lakale la mitundu ing'onoing'ono n'kuphwanya ukulu wa kumpoto womwe a kummwera ankauopa. Koma adalinso chida cha nkhondo, chifukwa adachotsa Port Harcourt ndi zitsime za mafuta m'manja mwa Aigbo n'kuziika m'siteti ya Rivers.

Popeza kabuku kadzafikanso ku Chipata ndi ku Lusaka, ndaikamo ndime yoti Zambia ya Kenneth Kaunda idavomereza Biafra ngati dziko mu 1968, monga idachitira Tanzania, Gabon ndi Ivory Coast. Tagwirizana kuti zithunzi za ana ofa ndi njala tisaziikemo. Mawu akwana.

Kumayambiriro kwa Malichi

Mamapu atha. Zigawo 3, kenako 4 mu 1963, masiteti 12 mu 1967, 19 mu 1976 pansi pa Murtala Mohammed, 21 mu 1987 ndi 30 mu 1991 pansi pa Ibrahim Babangida, 36 mu 1996 pansi pa Sani Abacha. Mnzanga wojambula wawaika pa tsamba limodzi, ndipo pansi pake walembapo yemwe adagawa. Kupatula zigawo zitatu zoyamba ndi Mid-West, onse adagawidwa ndi asilikali. Palibe boma losankhidwa ndi anthu lomwe lapangapo siteti kuchokera 1963. Mapu a Abuja ali padera: chiganizo chosamutsa likulu chidapangidwa mu 1976, boma lidasamuka ku Lagos mu Disembala 1991.

Pakati pa Malichi

Titayang'ana tsamba la mamapu lija tidaona choopsa chimodzi. Wowerenga adzaganiza kuti masiteti akamachuluka ndiye kuti mphamvu zikutsikira kwa anthu. Ku Nigeria zidayenda mosemphana, ndipo chomwe chimafotokoza zimenezi ndi ndalama. Choncho mutu wa ndalama, womwe udali wachisanu ndi chimodzi, tauika pakati pa kabuku ndipo ndiwo ukhale wautali kuposa yonse.

Mafuta adapezeka ku Oloibiri, m'madambo a mtsinje wa Niger, mu 1956, ndipo adayamba kugulitsidwa kunja mu 1958. Malamulo a 1960 ndi a 1963 ankati theka la ndalama za lendi ndi msonkho wa za m'migodi zibwerere ku chigawo komwe zachokera. Nkhondo ili mkati, mu 1969, asilikali adalamula kuti mafuta onse ndi a boma lalikulu. Gawo lobwerera kwa eni dera lidatsika kufika pa 45 peresenti mu 1970, pa 20 mu 1975, ndipo m'zaka za m'ma 1980 lidafika pa 1.5 peresenti. Mu 1992 lidakwera pang'ono kufika pa 3. Nthawi yomweyo mitengo ya mafuta idakwera kwambiri m'zaka za m'ma 1970, ulimi wa mtedza ndi kanjedza wogulitsa kunja udalowa pansi, ndipo boma lalikulu lidatenga mayunivesite a zigawo mu 1975, kenako mabungwe ogula mbewu. Magavanala adali asilikali oikidwa ndi mkulu wawo, ndipo msilikali satsutsa wamkulu wake.

Lero ndalama zambiri za dziko zimathiridwa m'thumba limodzi lotchedwa Federation Account, ndipo mwezi ndi mwezi akuluakulu a zachuma a masiteti amakumana kuti agawane. Boma lalikulu limatenga 52.68 peresenti, masiteti onse 36 amagawana 26.72, makhonsolo 774 amagawana 20.60. Kusanagawidwe, masiteti otulutsa mafuta amachotseredwa 13 peresenti ya ndalama za mafuta, monga malamulo a 1999 amanenera. Chomwe chandigwira mtima kwambiri ndi kagawidwe ka masiteti okhaokha: magawo 40 pa 100 amagawidwa mofanana, osayang'ana kukula kwa siteti. Ndiye dera likapatsidwa siteti yakeyake limapeza gawo lake la thumbalo, likulu lake, gavanala wake, masenata atatu ndi ntchito za m'maofesi. Apa mpamene pali gwero la mapempho osatha a masiteti atsopano. Anthu sapempha siteti kuti azitolera okha misonkho, amapempha kuti akhale ndi mbale yawo pogawana. Makhonsolo nawonso ndi chimodzimodzi. Kano ili ndi 44, ndipo Jigawa, yomwe idadulidwa ku Kano mu 1991, ili ndi 27, pomwe Lagos ndi khamu lake lonse ili ndi 20, Bayelsa yotulutsa mafuta ili ndi 8.

Aphunzitsi adayerekeza chonchi, ndipo ndaika m'kabuku momwe adanenera: bambo wamangira ana ake nyumba aliyense yake, koma nkhokwe ndi imodzi ndipo ili kuseri kwa nyumba ya bamboyo. Mitengo ya mafuta itagwa, mu 2015 masiteti ambiri adalephera kulipira aphunzitsi ndi anamwino kwa miyezi, mpaka boma la Muhammadu Buhari lidachita kuwabwereka ndalama.

Ndime ya Aogoni ndaisiya yaitali ngakhale ikudya malo. Anthu awa mafuta ankatuluka m'minda yawo, mitsinje yawo idaipitsidwa, koma gawo lawo lidali 1.5 kapena 3 peresenti. Mu 1990 adalemba chikalata chofuna ufulu wodziyendetsera zinthu ndi gawo loyenera la chuma cha m'nthaka yawo. Pa 10 Novembala 1995 boma la Abacha lidanyonga Ken Saro-Wiwa ndi anzake asanu ndi atatu, Nigeria n'kuimitsidwa m'bungwe la Commonwealth. Sindifuna kuti wowerenga aone nambala 13 ija ngati mphatso yomwe wina adangopereka mwa chifundo.

Kumapeto kwa Malichi

Tidayesa kuwerenga mitu yomwe yatha ndi gulu la achinyamata a kutchalitchi kwathu. Za ndalama adazimva msanga. Pomwe adakakamira ndi pa apolisi.

Mtsikana wina adafunsa: "Achimwene, inu mukuti gavanala amasankhidwa ndi anthu a m'siteti mwake. Nanga akuba ng'ombe akavuta, iyeyo amatuma ndani?" Funso lake lasanduka mutu wathunthu womwe sudali m'ndondomeko. Gawo 214 la malamulo a 1999 limati apolisi ndi gulu limodzi m'dziko lonse. Mkulu wa apolisi wa m'siteti amamvera mkulu wake wa ku Abuja, ndipo gavanala akamulamula, iye ali ndi ufulu wopempha kuti nkhaniyo ikaonedwe kaye ndi pulezidenti. Kale sizidali choncho. Asilikali asanalande boma, kumpoto ndi kumadzulo kudali apolisi a maboma a m'madera, ndipo zipani zolamula zinkawagwiritsa ntchito pozunza otsutsa. Okana apolisi a masiteti lero amakumbukira zimenezo, ndipo mantha awo si opanda pake. Koma kuba anthu ndi kuphana m'midzi kutakula, masiteti adayamba kupeza njira zawo. Mu Januwale 2020 magavanala asanu ndi mmodzi a kummwera chakumadzulo adakhazikitsa gulu la chitetezo la Amotekun. Loya wamkulu wa boma la ku Abuja adayamba wanena kuti nlosaloledwa, kenako nyumba za malamulo za masitetiwo zidalipangira malamulo ndipo lilipobe. Ine ndikuona kuti mbali zonse zili ndi mfundo, ndipo ndalemba zonse popanda kupondereza ina.

China chomwe chidautsa mkangano ndi lamulo loti maudindo a boma azionetsa nkhope ya dziko lonse, lomwe lidalowa m'malamulo a 1979. Pulezidenti ayenera kusankha nduna imodzi kapena kuposerapo kuchokera m'siteti iliyonse. Achinyamata sadachedwe kuliyerekeza ndi kota ya ku yunivesite yomwe tidakanganirana kuno kwa zaka, ndipo ndidawasiya atsutsane. Chomwe ndidawawonjezera ndi vuto lomwe lamuloli lidabala. Kuti upeze malo a siteti yako uyenera kukhala ndi chikalata chosonyeza kuti makolo ako ndi a komweko. Munthu wobadwira ku Jos, wokulira ku Jos, wolipira msonkho ku Jos, angathe kutchedwabe mlendo chifukwa agogo ake adachokera kwina. Mkangano wa eni nthaka ndi obwera ndi umodzi mwa mizu ya ziwawa zomwe zidapha anthu ambiri mumzindawu mu 2001.

Nkhani yomwe idawasangalatsa ndi ya masamu a 1979. Kuti munthu akhale pulezidenti, kupambana mavoti kokha sikukwana, ayeneranso kupeza 25 peresenti ya mavoti m'magawo awiri mwa atatu a masiteti onse. Nthawi imeneyo masiteti adali 19. Shehu Shagari adapeza 25 peresentiyo m'masiteti 12, koma ku Kano adatsala pang'ono kufika 20 peresenti. Awolowo adati magawo awiri mwa atatu a 19 ndi masiteti 13. Mbali ya Shagari idati ndi 12 ndi magawo awiri mwa atatu a siteti yachikhumi ndi chitatu, ndipo khoti lalikulu lidagamula mokomera Shagari. Mnyamata wina adatenga choko n'kuwerengera pabolodi, anzake akumutsutsa. Tsamba limeneli tilisiya ndi malo opanda kanthu kuti magulu aziwerengera okha. Lamulo lenilenilo ndimaliona kuti ndi limodzi mwa zinthu zanzeru zomwe Nigeria idapanga, chifukwa limakakamiza wofuna mpando kukapempha mavoti kutali ndi kwawo.

Epulo

Mutu wa zosintha za kuyambira 1999 wavuta mwa njira ina: zokamba nzambiri, zochitika nzochepa, ndiye pafunika kusefa.

Malamulo a 1999 adaperekedwa ndi boma la asilikali la Abdulsalami Abubakar, anthu sadawavotere, ndipo ichi ndicho chidandaulo choyamba cha ofuna kusintha. Adabwera ndi mndandanda wa zinthu 68 zomwe ndi boma lalikulu lokha linkayenera kuzipangira malamulo, kuphatikizapo migodi, apolisi ndi asilikali. Kuti asinthidwe pamafunika magawo awiri mwa atatu a aphungu a nyumba zonse ziwiri za ku Abuja, ndiponso nyumba za malamulo za masiteti 24 mwa 36. Masiteti omwe amalandira zochuluka kuposa zomwe amathira m'thumba lija ndi ambiri, ndiye n'kovuta kuti avotere zoti mbale yawo ichepe.

Misonkhano ikuluikulu ndaidutsa mwachangu. Wa Olusegun Obasanjo wa 2005 udasokonekera nthumwi za kumadera a mafuta zitatuluka chifukwa chokanizidwa 25 peresenti ya ndalama za mafuta. Wa Goodluck Jonathan wa 2014 udali ndi nthumwi 492, udakambirana kwa miyezi, udapempha masiteti ena 18 ndi zina zambiri, koma Jonathan adagonja pa chisankho cha 2015 ndipo malipoti adangosungidwa.

Zosintha zenizeni zabwera pang'onopang'ono, zambiri kudzera m'makhoti. Mu 2002 khoti lalikulu lidagamula kuti mafuta a pansi pa nyanja yamchere si a masiteti a m'mphepete mwa nyanjayo, ndipo mkwiyo udali waukulu kotero kuti mu 2004 aphungu adapanga lamulo lofewetsa chigamulocho. Bola Tinubu ali gavanala wa Lagos adapanga makhonsolo 37 atsopano, Obasanjo n'kuimitsa ndalama za makhonsolo a Lagos. Khoti lidati pulezidenti alibe mphamvu yotero, komabe ndalamazo zidatuluka mu 2007, Umaru Yar'Adua atalowa. M'zaka zodikira zimenezo Lagos idalimbikira kutolera misonkho yake, ndipo lero ndi siteti yomwe imadzipezera yokha ndalama zochuluka kuposa ina iliyonse. Mu 2021 siteti ya Rivers idapambana m'khoti la ku Port Harcourt pa mlandu woti msonkho wa VAT izitolera yokha, nkhani n'kupita ku makhoti a apilo. Mu Malichi 2023 Buhari adasayina zosintha zolola masiteti kuyendetsa njanji, ndende ndi magetsi awo, ndipo mu Juni chaka chomwecho Tinubu, atakhala pulezidenti, adasayina lamulo latsopano la magetsi. Kwa munthu wa bizinesi yaing'ono yemwe amadalira jenereta, ichi chingakhale chosintha chachikulu kuposa misonkhano yonse ija.

Ndaikamonso ndime ya malamulo a Sharia, omwe Zamfara idayamba kugwiritsa ntchito pa milandu yaupandu mu 2000, masiteti 12 a kumpoto n'kufika potero. Mphamvu za masiteti zikakula, zimakulira mbali zomwe ena sangazikonde, ndipo owerenga ayenera kukumana ndi zimenezi.

Koma chigamulo chomwe ndachiika pamapeto a mutu ndi cha pa 11 Julayi 2024. Kwa zaka zambiri ndalama za makhonsolo zinkadutsa m'manja mwa masiteti, ndipo magavanala ambiri ankazigwira, ena n'kuchotsa makhansala osankhidwa ndi kuikapo makomiti a anthu awo. Khoti lalikulu lidati ndalamazo zizipita ku makhonsolo mwachindunji, ndipo khonsolo yopanda atsogoleri osankhidwa isalandire. Yemwe adakasuma ndi boma la ku Abuja, osumiridwa ndi masiteti onse 36. Magavanala omwe amadandaula kuti Abuja imawapondereza, iwonso ankapondereza omwe ali pansi pawo. Izi zandikhudza kwambiri, chifukwa mayi wa kumudzi yemwe akufuna mjigo ndi mankhwala pa chipatala chaching'ono sakumana ndi pulezidenti kapena gavanala, amakumana ndi khonsolo.

Kumayambiriro kwa Meyi

Takambirana nthawi yaitali ngati kabuku kayenera kunena kuti Malawi atenge fedulo kapena ayi. Mnzanga wojambula akufuna tinene. Aphunzitsi akuti tikanena, theka la owerenga litseka kabuku pa tsamba loyamba. Ine ndili kumbali ya aphunzitsi, koma pali chimodzi chomwe sindikufuna kuchibisa. Tili ndi lamulo la maboma aang'ono la 1998 lomwe lidalonjeza kutsitsa mphamvu ku makhonsolo. Tidasankha makhansala mu 2000, nthawi yawo itatha mu 2005 tidakhala opanda makhansala mpaka 2014. Tsamba lomaliza liika zaka zimenezi pambali pa nkhani ya makhonsolo 774 a ku Nigeria, ndi funso loti gulu lililonse lifufuze ndalama zomwe khonsolo yawo imatolera yokha ndi zomwe imadikira kuchokera ku Lilongwe. Mayankho adzalemba okha.

Zotsala ndi izi. Mutu wa apolisi ukufunika kufupikitsidwa ndi tsamba limodzi. Tebulo la maperesenti a mafuta mnzanga akulijambulanso, chifukwa pa pepala la fotokope 1.5 ikuoneka ngati 15. Tikufunanso munthu wa ku Nigeria wokhala kuno kapena ku Johannesburg kuti awerenge mutu wa nkhondo tisanasindikize, makamaka wochokera kummawa, ndipo ngati n'kotheka winanso wa kumpoto. Osindikiza atiuza mtengo wa makope oyamba, ndipo tikadula masamba anayi tikwanitsa ndi ndalama zomwe tasonkha. Aphunzitsi atenga mutu wa ndalama kuti akauwerengenso sabata ino.